Momwe mungayambitsire kagulu kowerenga mabuku a nkhani ya khungu mu Blantyre

Mwana akabadwa, pakati pa achibale obwera kudzamuona sipalephera kupezeka mmodzi wofunyulula kansalu n'kuyamba kusuzumira nsonga za makutu ndi timfundo ta zala. "Ameneyu adzada, taonani makutuwa," amatero azakhali, mawu atatsitsa ngati akupereka uthenga wa zovuta. Akakhala woyererako, m'chipinda monse mumadzaza chimwemwe: "Koma alamu, mwatibweretsera mzungutu!" Mwanayo sanapatsidwe n'dzina lomwe, koma khungu lake laikidwa kale pasikelo.

Zoterezi timazimva ku Ndirande, ku Bangwe, ku Namiwawa, pa ukwati, mu minibasi ndi pa Facebook. Chovuta n'chakuti ukangoyamba kuzikamba mwachindunji, wina amamva ngati ukunena iye, ndipo macheza amathera pompo. Apa ndi pomwe buku limathandiza. Limakupatsani munthu wakutali, wa ku Ohio kapena ku Soweto, woti muyambe mwakamba za iye, mpaka pakamwa patamasuka kuti mukambe zanu. Nawa masitepe amene ndikuona kuti angakufikitseni pamenepo.

Choyamba, pezani anzanu ochepa

Mutu umodzi susenza denga, ndipo mabuku awa ndi olemetsa mtima kuwawerenga wekha. Anthu asanu kapena asanu ndi mmodzi akwana. Pakhale akuda, pakhale oyera, ndipo chonde pakhale abambo. Nkhaniyi timaikankhira kwa amayi chifukwa ndiwo amaoneka ndi mabotolo a mafuta, chonsecho mawu akuti "ine ndimafuna mkazi woyera" amatuluka m'kamwa mwa amuna. Malo asakuvuteni: pakhonde la mmodzi wa inu, m'kalasi la patchalitchi kapena pamzikiti mukapempha, ngakhale pa udzu ku Njamba Loweruka masana.

Gwirizanani lamulo limodzi musanatsegule buku lililonse. Munthu amene amadzola mafuta oyeretsa khungu asasekedwe pagulupo, kaya alipo kaya palibe. Mukalola nthabwala za nkhope yoyera miyendo yakuda, amene amayenera kupindula kwambiri ndi kaguluko sadzabweranso sabata yamawa.

Chachiwiri, yambani ndi nthano, za maphunziro zibwere pambuyo

Ambiri amathamangira mabuku a akatswiri n'kutopa pa tsamba lachitatu. Yambani ndi Sulwe, kabuku ka ana ka zithunzi komwe Lupita Nyong'o wa ku Kenya anatulutsa mu 2019. Mungathe kukamaliza musanamalize kapu ya tiyi. Ndi nkhani ya kamtsikana kakuda kuposa onse a m'banja mwake. Kamayesa kudzifufuta ndi labala, kamayesa kudya zakudya zoyera zokhazokha, kamapemphera kuti kukacha kadzuke katayera. Werengani mokweza, zithunzi zikuzungulira gulu lonse, kenako funsani funso limodzi lokha: ndani anayamba kukuuzani za mtundu wa khungu lanu, ndipo muli ndi zaka zingati? Musafulumire kudutsa pamenepa. Tsiku loyamba likhoza kuthera pa funso lomweli, ndipo silinapite pachabe.

Mukachoka apo pitani pa The Blacker the Berry, buku la Wallace Thurman la mu 1929. Ine ndimaliika patsogolo pa mabuku otchuka kuliposa chifukwa tsankho la m'menemo ndi la m'nyumba. Emma Lou anabadwira m'banja la anthu akuda a ku America amene ankanyadira kuti ndi oyererako, iye yekha n'kubadwa wakuda bii. Omunyoza oyamba ndi mayi ake ndi agogo ake. Akupita ku koleji ku Los Angeles, kenako ku Harlem, dera la anthu akuda mumzinda wa New York, akuganiza kuti pakati pa akuda anzake akapumako, koma akupeza kuti ngakhale pofuna ntchito kapena nyumba ya lendi khungu lake likumutsekera zitseko. Akudzola mafuta oyeretsa, mpaka kumadya timabisiketi ta arsenic, yemwe ndi poizoni. Ndipo chowawa kwambiri, iye mwini amanyoza amuna akuda ngati iye n'kumakopeka ndi oyera. Mfundo imeneyi ikambeni mofatsa pagulu, chifukwa imaonetsa kuti wolasidwa nayenso amatha kulasa ena.

Lachitatu likhale The Bluest Eye la Toni Morrison, lomwe linatuluka mu 1970. Pecola, mtsikana wa zaka 11 wa ku Lorain m'chigawo cha Ohio, amapempha Mulungu kuti amupatse maso abuluu, pokhulupirira kuti akakhala nawo makolo ake asiya kumenyana ndipo anthu ayamba kumuona. M'kalasi mwawo muli Maureen, woyera khungu, yemwe aphunzitsi amamumwetulira ndipo anyamata samugenda mawu. Aliyense amene anaphunzirapo pulayimale kuno amudziwa Maureen wa m'kalasi mwake. Chenjezo: m'bukuli muli kugwiriridwa kwa mwana ndi bambo ake omubala. Si la ana, ndipo achenjezeni anzanu musanayambe, popeza simudziwa zimene wina anadutsamo. Chingerezi cha Morrison n'cholimba ndithu, choncho gawanani masamba ochepa pa sabata.

Ofuna kupitirira m'njira yomweyi angatenge Passing la Nella Larsen, nalonso la mu 1929, ndi The Vanishing Half la Brit Bennett la mu 2020. Onse awiri akukamba za akazi oyera khungu kwambiri moti anasankha kukhala ngati azungu, n'kubisa kumene anachokera.

Chachitatu, kusaka mabukuwo

Tisanamizane, mabuku awa sapezeka wamba mumzinda muno. Lembani mayina ake papepala n'kusiyira ogulitsa mabuku akale m'mbali mwa misewu ya m'tauni ndi ku Limbe. Anyamata amenewa amadziwana, ndipo ukawasiyira nambala amaimba akalipeza. Funsaninso ku laibulale ya National Library Service komanso m'mashopu a mabuku. Amene ali ndi m'bale ku Joni amutume, kumeneko mabuku a Steve Biko ndi a Trevor Noah, omwe ndiwatchule pansipa, savuta. Mabuku a mu 1929 aja umwini wake unatha mwalamulo ku America, choncho amapezeka aulere pa intaneti ndipo sadya bandulo yambiri.

Buku limodzi limakwanira gulu lonse. Mmodzi awerenge ndime mokweza, wina aifotokoze m'Chichewa ndi mawu akeake. Mukatero ngakhale mayi amene sukulu anailekeza panjira atenga nawo mbali, ndipo kawirikawiri iwo ndi amene amakhala ndi nkhani zozama kuposa ophunzira.

Chachinayi, bwererani kwathu

Apa ndi pomwe magulu ambiri angasochere. Mabuku a ku America ndi amphamvu, koma mbiri yawo si yathu. Kumeneko kusiyana kwa oyererako ndi akuda kunamera mu ukapolo wa m'minda, ndipo akuda ndi ochepa pakati pa azungu. Kuno akuda ndife eni dziko, komabe kuyera kumapatsidwa ulemu. Funso la kagulu kanu likhale lakuti, nanga kwathu kuno zinachokera kuti?

Born a Crime la Trevor Noah, la mu 2016, ndi mlatho wabwino chifukwa ndi losavuta kuwerenga. Iye anabadwa mu 1984 kwa mayi wachiXhosa ndi bambo wa ku Switzerland, nthawi imene malamulo a tsankho ku South Africa ankaletsa ubwenzi wotere. Muli malo ena pomwe agogo ake amakwapula asuweni ake koma iye n'kumusiya, chifukwa ankaopa kumenya mwana woyera. Imani pamenepo, mufunsane ngati m'mabanja mwanu ana onse amalangidwa ndi kutumidwa mofanana.

Kenako tengani nkhani ziwiri kapena zitatu za mu I Write What I Like, zolemba za Steve Biko, mtsogoleri wolimbana ndi tsankho ku South Africa, zomwe zinasonkhanitsidwa mu 1978, iye atafera m'manja mwa apolisi mu 1977. Nkhani zake ndi zazifupi ndipo zimalunjika pa mtima wa munthu wakuda amene anaphunzitsidwa kudziderera. Black Skin, White Masks la Frantz Fanon, la mu 1952, libwere pomalizira. Fanon anali dokotala wa matenda a maganizo wochokera ku Martinique, ndipo kalembedwe kake kamafuna kuleza mtima. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Ngati simungathe lonse, werengani mutu woyamba wokha, wonena za chilankhulo. Mudzaganiza za sukulu zimene ana amalangidwa akayankhula Chichewa, ndi za ulemu umene munthu amalandira pa kauntala akangosintha kayankhulidwe.

Za mzinda wathu uno, mabuku a mbiri monga A History of Malawi la John McCracken la mu 2012 angakuthandizeni kuona m'mene atsamunda anagawira malo ndi ntchito: azungu m'madera a mitengo ndi mabwalo aakulu ngati Sunnyside, amwenye m'mashopu a m'tauni ndi ku Limbe, akuda m'makomboni. Pakati pa magulu amenewa panali ana obadwa kwa amayi akuda ndi abambo achizungu kapena achimwenye, omwe boma la atsamunda linkavutika kuti liwaike mbali iti. Christopher J. Lee analemba za iwo mu Unreasonable Histories mu 2014, ndipo gawo lalikulu ndi la Nyasaland. Ndi buku la akatswiri, lolimba, koma ndi la kwathu, ndipo mabanja amenewa tili nawo mpaka lero. Tsiku lina konzani ulendo wa ku Mandala House, nyumba yomangidwa mu 1882, komwe kuli laibulale ya Society of Malawi. Kuona zithunzi zakale ndi maso anu, ndani wakhala pampando ndani waima kumbuyo, kumaphunzitsa msanga kuposa masamba makumi awiri.

Chachisanu, werengani botolo

Sabata ina musabwere ndi buku. Aliyense abweretse botolo kapena katchubu ka mafuta amene ali pakhomo, muwerenge timalemba ta kumbuyo. Mayina atatu oti muwasake ndi hydroquinone, mercury ndi clobetasol. Hydroquinone ukamudzola kwa nthawi yaitali amatha kusiya mawanga akuda m'masaya omwe sachoka msanga. Mercury amaononga impso ndi mitsempha, ndipo amatha kufika kwa mwana amene ali m'mimba kapena woyamwa. Clobetasol ndi mankhwala amphamvu a matenda a khungu oyenera kulembedwa ndi dokotala. Akasanduka mafuta a tsiku ndi tsiku khungu limapyapyala, timitsempha n'kumaonekera, ziphuphu n'kuchuluka. Dziwaninso kuti mafuta osakaniza okha, ogulitsidwa m'timabotolo topanda dzina, sanena zomwe zili m'kati.

Ngati wina pagulupo wakhala akudzola mankhwala amphamvuwa, asangosiya lero ndi lero, chifukwa khungu limatha kutupa ndi kuyabwa koopsa. Apite kaye akaonane ndi a zakhungu, monga ku chipatala cha Gulupu. Mumuperekeze ngati akuchita manyazi.

Buku loyenda ndi sabata imeneyi ndi Beneath the Surface la Lynn M. Thomas, la mu 2020, lomwe likutsata mbiri ya malonda a mafutawa makamaka ku South Africa: amene ankawapanga, m'mene ankawatsatsira m'magazini a anthu akuda, ndi m'mene madokotala pamodzi ndi otsatira maganizo a Biko analimbanira nawo mpaka boma linawaletsa mu 1990. Chimene ndimachikonda m'bukuli n'chakuti silitenga amayi ogula mafuta ngati zitsiru. Limaonetsa kuti ambiri ankawerengera bwinobwino: ntchito ya m'shopu, ya mu ofesi ndi banja zinkapita kwa oyererako.

Chachisanu ndi chimodzi, musaiwale abale athu achialubino

Iyi ndi nkhani ina, ndipo musaisakanize ndi ya mafuta, koma kagulu kokamba za khungu m'Malawi sikangailumphe. Dziko lomwe limatamanda kuyera ndi lomwelinso lomwe, kuyambira cha m'ma 2014, linaona anthu achialubino akubedwa, kuphedwa ndi manda awo kufukulidwa. Werengani The Book of Memory la Petina Gappah wa ku Zimbabwe, la mu 2015, momwe mayi wachialubino akufotokoza moyo wake ali m'ndende ya Chikurubi ku Harare. Koma pano buku lokha silikwanira. Lumikizanani ndi bungwe la anthu achialubino la APAM, kapena itanani mnzanu wachialubino amene wavomera mwa kufuna kwake, adzayankhule yekha, inu mumvetsere. Ana a m'gulu lanu auzeninso za Overstone Kondowe, yemwe mu 2021 anakhala munthu woyamba wachialubino kusankhidwa kukhala phungu wa Nyumba ya Malamulo kuno.

Pomaliza, sungani kope

Gulani kope limodzi la gulu. Kumapeto kwa kukumana kulikonse mulembemo, m'Chichewa, mawu a khungu amene mwawamva sabata imeneyo: pa saluni, m'nyimbo, pa chinkhoswe, m'kalasi, osatchula dzina la munthu. Tumanani kwa agogo mukawafunse ngati kale kumudzi mkazi wokongola ankamudziwira kuyera, kapena mphini, mano, khosi ndi kayendedwe, ndipo mulembe mayankho awo momwe anenera. Mukamaliza mabuku atatu oyamba aja, tsegulani kopelo muwerenge kuyambira tsamba loyamba, ndipo buku lotsatira mulisankhe potengera nkhani imene yabwerezedwa kwambiri m'menemo.