Mmene ndimayambira nyimbo za mufilimu

Ndisanakhudze kiyibodi, ndimaonera filimu yonse kawiri osalemba kanthu. Kachitatu m'pamene ndimakhala pansi ndi wotsogolera filimuyo, n'kugwirizana kuti nyimbo ilowe pati, ituluke pati. Malo amenewa muziwalemba ndi timecode (manambala osonyeza ola, mphindi, sekondi ndi chithunzi chimene filimu yafikapo), musadalire mutu. Mafilimu ambiri amayenda zithunzi 24 pa sekondi, ndiye mukaphonya pang'ono, ng'oma imalira chitseko chitatsekeka kale.

Kenako pekani kanyimbo kakafupi ka mwininkhani, manoti asanu basi. Akakondwa, kaimbeni pa gitala. Akaferedwa, komweko kachedwetseni pa cello, chida cha zingwe chonga vayolini yaikulu. Oonera sazindikira, koma mtima wawo umakakumbukira.

Anthu akamalankhula, chepetsani zida zoimbira. Izi ndinaziphunzira mowawa. Ndinadzaza mavayolini pamacheza a mayi ndi mwana wake mufilimu ina, wosakaniza mawu anangowatsitsa mpaka osamveka, ntchito ya masabata awiri n'kulowa m'madzi.

Chenjeraninso ndi nyimbo zongogwirizira zimene wolumikiza zithunzi amaika poyamba. Wotsogolera amazizolowera, mapeto ake amafuna muzikopere. Mufunseni chimene chamugwira mtima mmenemo: liwiro, kapena zida?

Potumiza nyimbozo, ikani fayilo yake pa 48 kHz (kutanthauza kuti mawu amayezedwa ka 48,000 pa sekondi), ng'oma padera, zida za zingwe padera.