Kuchoka pa Tala: Kakonzekeredwe ka Ulendo wa M'njira za Kutchire Zozungulira Lilongwe

Munthu akhoza kukhala mu Lilongwe zaka khumi akuona mtandadza wa mapiri a Dzalanyama dzuwa likamalowa, kapena kudutsa pa Kamphata akuyang'ana phiri la Nkhoma pawindo la minibasi, koma osapondako phazi ngakhale tsiku limodzi. Chimene chimalepheretsa ambiri si ndalama ayi, koma kusadziwa poyambira. Ine ndayendamo m'njira zimenezi pa galimoto, pa njinga ndiponso wapansi, ndipo ndaona kuti ulendo wa kutchire umakoma kapena kuwawa chifukwa cha zinthu ziwiri: nyengo imene mwasankha, ndi mmene mwalankhulira ndi eni dera. Katundu amene mwanyamula amabwera pambuyo pa ziwirizi.

Yambani ndi nyengo. Kuyambira mu Meyi mpaka mu Ogasiti ndi nthawi yabwino koposa, chifukwa mvula imakhala italeka, misewu yafumbi itauma, ndipo kamphepo kachisanu kamathandiza wokwera phiri, ngakhale kuti usiku wa mu Juni ndi Julayi kumapiri kumazizira kwenikweni moti juzi ndi bulangete si zosiya. Kumayambiriro kwa nyengoyi udzu umakhala ukadali wautali, tinjira tambiri titabisika, ndipo chitedze chimakhala chikukhwima. Amene chinamuyabwapo safuna kuuzidwa chifukwa chake tiyenera kuvala buluku ndi malaya a manja aatali. Kuchokera mu Sepitembala mpaka mvula yoyamba tchire limakhala litapsa ndipo njira zimaoneka bwino, koma dzuwa limaswa mtengo, motero wapansi anyamuke mbandakucha ndipo azicheukira utsi, popeza moto wa osaka mbewa umathamanga ndi mphepo kuposa munthu wotopa. M'dzinja, kuyambira mu Disembala mpaka mu Malichi, munthu amene akungoyamba kumene ndimamulangiza kuti adikire.

Ulendo woyamba ukhale wa ku Nkhoma. Mumatsata msewu wa M1 wolowera ku Dedza, n'kukhota pa Kamphata, ndipo tala amakufikitsani mpaka pa mishoni imene inakhazikitsidwa mu 1896. Minibasi zimafika, choncho galimoto yanuyanu si yofunika. Phirili ndi lalitali mamita oposa 1,700, ndipo munthu wa thanzi labwino amakwera ndi kutsika tsiku lomwelo, koma chigawo chomaliza ndi cha miyala yotsetsereka imene imafuna manja ndi nsapato zogwira bwino.

Ku Dzalanyama ndiye kumafuna kukonzekera kwenikweni. Nkhalangoyi, imene inatetezedwa ndi boma mu 1922, ili pa mtunda wa makilomita pafupifupi 60 kuchokera mu mzinda, ndipo njira yake ndi yodzera ku Likuni, kenako tala amatha n'kuyamba fumbi. M'menemo ndi momwe mumachokera mtsinje wa Lilongwe umene umadzaza madamu a Kamuzu ku Malingunde, kutanthauza kuti madzi amene timatunga pampopi ku Kawale kapena ku Area 25 amayambira pansi pa mitengo ya mombo, tsamba ndi misuku imene mudzayende pamthunzi pake. Kwa Achewa ndi malo olemekezeka, pakuti kumeneko n'kumene kuli Kaphirintiwa, pamene makolo amati munthu woyamba anasiya mapazi ake pathanthwe. Pamwamba pa mapiriwa ndi pamene padutsa malire a Malawi ndi Mozambique, choncho woyenda popanda womutsogolera akhoza kupezeka m'dziko la eni asakudziwa. Onanani ndi ogwira ntchito za nkhalango musanalowe, mulipire chimene chikufunika, ndipo mumve kwa iwo mbali imene kuli bwino kuyendako, chifukwa nkhani ya makala inafika povuta moti mu 2015 boma linatumizako asilikali. M'njira mudzakumana ndi abambo akutsetsereka ndi njinga zosenza matumba a makala. Apatukireni msanga, popeza njinga yolemera chotero siima pamene mwini wake wafunira. Amene ali ndi masiku awiri akhoza kupitirira ku Chongoni m'boma la Dedza, kumene kuli malo 127 a zithunzi zakale zojambulidwa pamiyala, amene UNESCO, nthambi ya United Nations yoona za maphunziro ndi chikhalidwe, inawaika m'kaundula wake wa malo ofunika kutetezedwa padziko lonse mu 2006. Zithunzizo ndi zoona ndi maso basi, osati kukhudza kapena kuthira madzi kuti zioneke bwino.

Woyenda pa galimoto aphunzire kuwerenga dothi. Katondo, dothi lofiira lija, likanyowa limaterera ngati sopo, koma nthawi zambiri pansi pake pamakhala polimba, ndipo mukayenda pang'onopang'ono, osaponda mabuleki mwadzidzidzi, mumadutsa. Makande a m'dambo ndi nkhani ina. Pamwamba amauma n'kung'aluka ngati kuti ndi olimba, pamene pansi pake padakali phala. Chaka china kumapeto kwa Malichi ndinafika pa dambo lina panjira ya ku Dzalanyama, ndipo poona mikwasa ya ngolo ndinalowa osatsika kukaponda. Galimoto inangoyenda mamita ochepa n'kukhala pansi ndi mimba, matayala anayi onse akuzungulira pachabe. Tinakumba ndi makasu obwereka kuyambira masana, kuika nthambi ndi miyala pansi pa matayala, mpaka bambo wina wachikulire anabwera ndi ng'ombe zake ziwiri zapagoli. Atatitulutsa anandiuza modekha kuti, "Achimwene, mukanafunsa pamudzi paja tikanakulozerani njira ya kumtunda, pano ngakhale ngolo timadutsa yopanda katundu." Njira ya kumtundayo inali pafupi kwambiri ndi pamene tinatitimira.

Kuchokera tsiku limenelo lamulo langa ndi lakuti paliponse pamene ndakayika, ndimatsika n'kuyendapo ndi mapazi. Mlatho wa mitengo muuone pansi pake, chifukwa matabwa a pamwamba akhoza kukhala atsopano pamene mitanda yake inafumbwa kalekale. Mtsinje muuwoloke kaye wapansi ndi ndodo, ndipo ngati madzi akufika m'mawondo ndiponso akukankha miyendo, galimoto isalowe. Madzi a mvula ya kumapiri amabwera mwadzidzidzi komanso amaphwa pakapita maola ochepa, motero kudikira n'kwanzeru. Pamchenga phwetsani matayala pang'ono, musaime pakati, ndipo mukhale ndi pampu yowapoperanso. Chofunika kwambiri pa galimoto ya m'njira zotere ndi kutalika kwake kuchokera pansi, kuposa ukulu wa injini. Thirani mafuta odzaza thanki musanatuluke mu mzinda, ndipo munyamule tayala la sipeya lopopa bwino, jeke ndi thabwa loikapo jekeyo kuti isamire, sipanala ya matayala, chingwe cholimba chokokera, khasu, chikwanje ndi chigubu cha madzi. Ngati n'kotheka, galimoto zikhale ziwiri.

Wa njinga yakapalasa ali ndi mwayi wakuti pamene galimoto yalephera iye amanyamula njinga paphewa n'kudutsa. Okonza njinga amapezeka pafupifupi pamsika uliwonse, koma zipangizo zimene amasunga ndi za njinga wamba, choncho mwini njinga ya magiya anyamule yekha machubu awiri, zigamba, guluu, pampu ndi chodulira tcheni.

Tsopano za anthu, zimene kwa ine ndiye mutu wa nkhani. Palibe tchire lopanda mwini. Kanjira kalikonse kamene mukuona kanapondedwa ndi amayi opita kunkhuni, ana a sukulu kapena abusa a ng'ombe, ndipo kamadutsa m'minda ndi m'malire a mudzi wina wake. Mukafika pamudzi pamene mukufuna kusiya galimoto kapena kumanga tenti, funsani kwa a mfumu, muodire, mukhale pansi pamene akulozerani, mupereke moni wokwanira, kenako munene kumene mwachokera ndi chimene mwadzera. Apempheni kuti akupatseni mnyamata wodziwa phiri, ndipo mugwirizane naye za malipiro musananyamuke kuti pasadzakhale kukangana madzulo. Kankhalango kowirira kamene kaima pakati pa minda yopanda mitengo kawirikawiri kamakhala manda, ndipo m'midzi ya Achewa kumeneko n'kumene kumakhalanso dambwe. Musalowemo kufuna mthunzi kapena kukadzithandiza. Mukakumana ndi gule wamkulu panjira, imani, mupatuke, ndipo musajambule popanda chilolezo. Chimodzimodzinso anthu ndi nyumba zawo.

Kufunsa njira nakonso kuli ndi luso lake. Akuluakulu anati safunsa anadya phula, koma wofunsa molakwika naye amasochera. Mukati, "Kodi njira iyi ikupita kumudzi wakuti?" munthu waulemu akhoza kungovomera posafuna kukukhumudwitsani. Funsani kuti, "Njira ya kumudzi wakuti ndi iti?" ndipo mufunsenso munthu wachiwiri kutsogolo. Mawu akuti "ndi pompa" amachokera kwa munthu amene anazolowera kuyenda maola atatu wapansi, choncho funsani kuti munthu akanyamuka tsopano amafika dzuwa lili pati. Za mmene msewu ulili, odziwa bwino ndi akabaza ndi oyendetsa ngolo, ndipo funso loyenera ndi lakuti galimoto yomaliza inadutsa liti ndiponso inali yotani. Mapu a pafoni muwasunge mukadali mu mzinda kuti azitseguka popanda intaneti, chifukwa netiweki ya Airtel ndi TNM imasowa m'zigwa, komabe mapuwo sadziwa kuti mlatho unakokoloka mwezi watha.

Thupi nalo lisamalidwe. Munthu mmodzi anyamule madzi osachepera malita atatu pa tsiku, ndipo madzi a mumtsinje awiritsidwe kapena athiridwe mankhwala. M'madzi odikha a m'madambo musasambemo, kuopa likodzo. Njoka ya mphiri siithawa munthu, imangogona panjira, n'chifukwa chake tiyenera kuyang'ana poponda ndi pogwira. Wina akalumidwa, musatemere pabala kapena kumanga mwendo mothina. Mugonekeni, asayende, ndipo muthamangire naye kuchipatala. Tenti musamange m'khwawa louma ngakhale mchenga wake ukhale wosalala bwanji, pakuti madzi saiwala khwawa, ndipo moto umene mwakoleza muuzimitse ndi madzi mpaka phulusa lizizire.

Musanatseke chitseko cha kunyumba, uzani munthu mmodzi wodalirika njira imene mudzere, amene muli nawo, ndi ola limene ayambe kukufunani mukapanda kuimba foni. Kenako dziikireni nthawi yobwerera. M'miyezi yachisanu dzuwa limalowa isanakwane 6 koloko, ndipo kutsika phiri mwendo utatopa kumatenga nthawi yofanana ndi kukwera, motero ikakwana 1 koloko masana tembenukani pamene mwafikapo, kaya nsonga ikuoneka pafupi. Tochi ikhale m'chikwama ngakhale paulendo wa theka la tsiku. Mukafika pamudzi paja, pitaninso kwa a mfumu kukatsazika kuti adziwe kuti alendo awo atsika onse, ndipo madzulo posamba mufufuze nkhupakupa m'khwapa, m'chiuno ndi kuseri kwa mawondo.