Mmene mungakonzere Dolphin ikamakana adiresi ya smb:// kapena sftp://

Mwafunsa chifukwa chimene kompyuta ya Kubuntu (mtundu wa Linux) ya ku ofesi kwanu ku Ginnery Corner ikukanira kutsegula mafoda a pa seva, ikunena kuti protocol (njira yolankhulirana ndi seva, monga SMB kapena SFTP) siyikudziwika. Nthawi zambiri vuto silikhala pa netiweki. Dolphin, pulogalamu yotsegulira mafoda, payokha siidziwa kulankhula ndi seva, koma imadalira KIO, mbali ya KDE (mapulogalamu amene Kubuntu imagwiritsa ntchito) imene imapereka protocol iliyonse kwa fayilo yakeyake, monga smb.so ndi sftp.so.

Choyamba, onani ngati mafayilowa alipo mu /usr/lib/x86_64-linux-gnu/qt5/plugins/kf5/kio/. Ngati muli ndi Plasma 6, desktop ya KDE imene inatuluka mu February 2024, yang'anani mu qt6/plugins/kf6/kio/. Akasowa, tsegulani terminal (zenera lolembamo malamulo) n'kulemba sudo apt install --reinstall kio-extras.

Akakhalapo koma vutolo n'kupitirira, lowani mu fodayo ndipo mulembe ldd smb.so. Lamuloli limasonyeza malaibulale onse amene fayiloyo imadalira, ndipo mzere wolembedwa kuti "not found" ndi umene ukusonyeza chosowa. Fayilo ya smb.so imafuna libsmbclient, pamene sftp.so imafuna libssh. Zoterezi zimachitika makamaka magetsi akazima pulogalamu isanamalize kuikidwa, ndipo sudo apt --fix-broken install imamalizitsa ntchitoyo. Chonde musakopere fayilo ya .so kuchokera pa kompyuta ya mnzanu, chifukwa ikasiyana ndi mtundu wa Qt (malaibulale amene KDE imadalira) umene muli nawo, sigwira ntchito.

Kenako tulukani mu akaunti yanu n'kulowanso. Zikakanikabe, funsani woyang'anira netiweki ngati port 445 ya SMB kapena 22 ya SFTP ili yotsegula.