Kusintha Medicare Advantage ya makolo athu ku America: zoti muone tsiku la 7 Disembala lisanakwane

Chaka chilichonse, Seputembala akamatha, aliyense amene ali pa Medicare Advantage, inshuwalansi ya zaumoyo ya okalamba ku America yoyendetsedwa ndi makampani, amalandira envelopu yonenepa yolembedwa kuti Annual Notice of Change, yofotokoza zimene zisinthe pa pulani yake chaka chamawa. Lamulo limakakamiza kampani ya inshuwalansi kuti kalatayi ifike pasanadutse pa 30 Seputembala. Amalume anga, amene anagwira ntchito zaka zoposa 20 m'nyumba zosamaliramo okalamba ku Indiana, ankangoiika pamwamba pa firiji pamodzi ndi mapepala otsatsa malonda. Ankati pulani ndi yomwe ija, khadi ndi lomwe lija, ndiye awerengenso chiyani? Januwale wina anapita ku famase kukatenga mankhwala awo a shuga, ndipo mtengo umene anawatchulira unawabweza chimanjamanja. Titatsitsa envelopu ija, fumbi lili mbuu, tinapeza kuti zonse zinalembedwa bwinobwino. Mankhwalawo anali atawakweza kupita m'gulu lodula, ndipo famase imene amalume anaizolowera inali itachotsedwa pa mndandanda wa mafamase otsika mtengo.

Dzina la pulani silisintha, koma za m'kati mwake zimasintha pa 1 Januwale aliyense. N'chifukwa chake boma linaika nyengo yoti munthu asamuke ngati zinthu sizikumuyenderanso. Nyengoyi imayamba pa 15 Okutobala n'kutha pa 7 Disembala, ndipo zimene mwasankha zimayamba kugwira ntchito pa 1 Januwale.

Kwa amene nkhaniyi ndi yachilendo, Medicare ndi inshuwalansi ya boma la America ya anthu a zaka 65 kupita m'tsogolo, ndipo inakhazikitsidwa mu 1965. Part A ndi yogonera m'chipatala, Part B ndi ya madokotala ndi zoyezayeza, Part D ndi ya mankhwala. A ndi B pamodzi amazitcha Original Medicare. Imeneyi imalandiridwa ndi dokotala aliyense wolandira Medicare m'dziko lonselo, koma pa Part B imalipira 80 peresenti yokha, ndipo 20 yotsalayo ilibe malire. Medicare Advantage, imene ena amati Part C, ndi pamene boma limapereka ndalama ku kampani kuti ikusamalireni m'malo mwake. Kampaniyo nthawi zambiri imaphatikizamo mankhwala, n'kuwonjezerapo za mano, magalasi a maso, mwinanso kakhadi kogulira timankhwala tating'onoting'ono. Anthu oposa theka la onse a Medicare ali kumeneku tsopano, ndipo makolo athu ambiri analowa komweko chifukwa cha mawu amodzi okoma: $0.

Ziro ameneyu ndi chikomekome cha mkuyu. Choyamba, ndalama ya Part B mumalipirabe. Mu 2025 inali $185 pamwezi, mu 2026 ndi $202.90, ndipo ambiri amadulidwa pa penshoni ya boma ya Social Security asanaione n'komwe. Chachiwiri, pulani yaulere pamwezi imadya pa tsiku limene mwadwala: kwa dokotala wa mtima kulipira, pa sikani kulipira, kugona m'chipatala kulipira tsiku ndi tsiku kwa masiku angapo oyambirira. Nambala yofunika kuiyang'anitsitsa ndi ya malire a ndalama zimene mungatulutse m'thumba pachaka. Boma limalola kuti malirewa apitirire $9,000 pa madokotala a m'gulu la pulaniyo, pamene mapulani ena amaima pa theka la ndalamayi kapena kucheperapo. Munthu wa shuga ndi BP amene anagonekedwapo kale, ndi bwino alipire kangachepe pamwezi n'kukhala ndi malire otsika.

Ife kunyumba kwa amalume tinaphunzira kuyamba ndi thumba la mankhwala. Timakhuthula mabotolo onse patebulo, ngakhale aja a m'maso ndi opopera m'chifuwa, n'kulemba dzina, mphamvu yake, ndi kuchuluka kwa mapiritsi pamwezi. Kenako timalowa pa Medicare.gov, pa gawo lofananitsira mapulani, n'kuika ZIP code, mankhwalawo ndi mafamase awiri kapena atatu apafupi. Kompyuta imakuwerengerani ndalama ya chaka chonse pa pulani iliyonse. Musaiwale kusinthasintha famase, chifukwa mankhwala amodzimodzi pa pulani imodzimodzi amatha kusiyana mtengo pakati pa sitolo ziwiri zoyang'anana. Onaninso ngati pambali pa mankhwalawo palembedwa kuti prior authorization kapena step therapy. Loyambalo likutanthauza kuti dokotala ayambe wapempha chilolezo ku kampani, lachiwirilo kuti muyambe mwayesa mankhwala otchipa asanakuloleni odulawo. Pa mankhwala zinthu zapepukako zaka zino: insulin yolembedwa pa pulani sapitirira $35 pamwezi, ndipo kuyambira mu 2025 pali malire a ndalama za mankhwala pachaka, $2,000 chaka chimenecho ndi $2,100 mu 2026. Koma malirewa amawerengera mankhwala okhawo amene ali pa mndandanda wa pulani yanu. Amene palibepo, mumalipira nokha ndipo sawerengedwa.

Za madokotala, musangokhulupirira buku la kampani kapena tsamba lake la pa intaneti, chifukwa mindandanda imeneyi imatsalira m'mbuyo. Imbani foni ku ofesi ya dokotala aliyense, mutchule dzina lonse la pulaniyo monga lalembedwera, ndipo mufunse za chaka chamawa, osati chino. Kampani imodzi imakhala ndi mapulani angapo, ndipo dokotala akhoza kulandira imodzi n'kukana inzake. Funsaninso za chipatala chachikulu chimene madokotalawo amagonekako odwala. Ngati pulani ndi HMO, kunja kwa gulu lake sikulipirirani pokhapokha pa ngozi. PPO imalola kupita kunja koma pamtengo wokwera. Kwa agogo amene amakhala miyezi itatu kwa mwana wa ku Texas, itatu kwa wa ku Maryland kulera zidzukulu, kusiyana kumeneku n'kwakukulu.

Tsopano nkhani imene ma agent ambiri ogulitsa inshuwalansi sangakufunseni, chifukwa sadziwa moyo wathu: miyezi imene makolo athu amakhala kumudzi. Amalume atangopuma pantchito anayamba kumanyamuka mu Epulo mvula ikatha, kukayang'anira nyumba imene akumanga ku Ntcheu, n'kubwerera kumudziko kukamayamba kutentha. Medicare Advantage imamangidwa pa dera limene mukukhala. Mukakhala kunja kwa deralo miyezi yoposa 6 motsatizana, kampani imayenera kukuchotsani. Mumabwerera pa Original Medicare yokha, yopanda mankhwala, ndipo ena amadziwira zimenezi pa kauntala ya famase atangotsika ndege. Werengani masiku musanagule tikiti. Kwa amene ali ndi green card pali chifukwa chinanso chowerengera, chifukwa ulendo wopitirira miyezi 6 umadzetsa mafunso pabwalo la ndege, ndipo wopitirira chaka ukhoza kuonedwa ngati munthu wasiya kukhala ku America.

Nanga akadwala ali ku Malawi? Original Medicare silipira chipatala cha ku Blantyre kapena ku Lilongwe. Mapulani ena a Advantage ali ndi gawo la ngozi zakunja, ndipo limalembedwa kuti worldwide emergency coverage. Fufuzani ngati lilipo ndiponso malire ake. Nthawi zambiri mumalipira nokha kaye, n'kudzatumiza malisiti mukabwerera, choncho sungani pepala lililonse lokhala ndi chidindo cha chipatala, dzina la matenda ndi tsiku. Gawoli ndi la ngozi basi. Kukayezetsa shuga mwezi ndi mwezi, kapena ndege yonyamula wodwala kupita ku Johannesburg, musayembekezere kuti zili m'menemo musanaziwerenge ndi maso anu. Mankhwala ogulidwa kunja kwa America nawonso Part D siwalipira. Milungu iwiri ulendo usanafike, pemphani dokotala alembe mankhwala a masiku 90, ndipo funsani kampani ngati ingalole kutenga ena nthawi yake isanakwane chifukwa cha ulendo.

Ena amaganiza zoimitsa Part B pamene ali kumudzi kuti apulumutse madola 200 pamwezi. Ine ndimawaletsa. Ukaisiya, Advantage nayo yatha, pobwerera umadikira nyengo ya Januwale mpaka Malichi kuti ulembetsenso, ndipo pa miyezi 12 iliyonse yathunthu imene unali kunja amakuwonjezera 10 peresenti pa ndalama ya pamwezi kwa moyo wako wonse.

Munthu akatopa ndi zilolezo ndi mindandanda ya madokotala, amalakalaka kubwerera ku Original Medicare. M'nyengo ino ndi zololedwa, koma apa ndi pamene ambiri amagwa. Kuti 20 peresenti yopanda malire ija isakumizeni, mumafunika inshuwalansi yothandizira yotchedwa Medigap. Khomo la Medigap limakhala lotsegula miyezi 6 yoyambirira munthu akakwanitsa zaka 65 n'kulowa Part B, ndipo nthawi imeneyo kampani singakukaneni kapena kukukwezerani mtengo chifukwa cha matenda. Nthawiyi ikadutsa, m'maboma ambiri kampani ili ndi ufulu wofunsa mbiri ya thanzi lanu n'kukukanani. New York ndi Connecticut ndi ena mwa maboma ochepa kumene khomoli limakhala lotsegula chaka chonse. Palinso mwayi wa miyezi 12 kwa amene analowa Advantage koyamba atangokwanitsa zaka 65, kapena amene anasiya Medigap kukayesa Advantage koyamba. Choncho dongosolo lake ndi ili: lembetsani Medigap kaye, mulandire kalata yoti akuvomerani, ndiye muchoke ku Advantage. Mukayamba ndi kuchoka, mukhoza kutsala pamtetete. Kwa oyendayenda kumudzi, mitundu ina ya Medigap monga G ndi N imalipira 80 peresenti ya ngozi zakunja m'masiku 60 oyambirira a ulendo, mutalipira kaye $250, mpaka $50,000 pa moyo wonse. Masiku 60 ndi ochepa kwa munthu amene akumanga nyumba, koma ndi bwino kusiyana n'kupanda.

Kwa makolo amene tinawaitanitsa atakula kale, masamu ake ndi ena. Amene ali ndi green card amayenera kukhala m'dzikomo zaka 5 zotsatizana kuti alowe Medicare ngati sanagwire ntchito, ndipo Part A imakhala yaulere kwa amene analipira msonkho wa Medicare zaka 10, iye kapena mwamuna kapena mkazi wake. Popanda zimenezo Part A imagulidwa, ndipo mu 2025 mtengo wake wathunthu unali $518 pamwezi. Advantage imafuna kuti munthu akhale ndi A ndi B zonse. Ngati ndalama za kholo ndi zochepa, funsani za thandizo la boma kwa opeza zochepa: Extra Help ya mankhwala ndi Medicare Savings Program ya boma (state) limene mukukhalamo. Ndipo amene ali pa asylum kapena TPS (chilolezo chokhala m'dzikomo mongoyembekezera) adziwe kuti lamulo limene linasainidwa mu Julaye 2025 linachepetsa magulu a obwera amene angakhale pa Medicare, choncho iwowa afunse msanga.

Okutobala akafika foni ya amalume siipuma. Dziwani kuti Medicare siimbira anthu kuwagulitsa mapulani, ndipo ma agent saloledwa kukuimbirani kapena kugogoda pakhomo musanawaitane. Nambala ya pa khadi la Medicare lofiira, loyera ndi labuluu lija ndi yokwanira kuti munthu wosakhulupirika asamutse kholo lanu kupita ku pulani ina. Ife timakonda kudalira munthu wa kutchalitchi kapena m'bale wa mnzathu amene amagulitsa inshuwalansi, ndipo ambiri a iwo ndi anthu abwino ndithu. Kungoti amalipidwa ndi makampani, ndipo sagulitsa mapulani onse a m'dera lanu. Mufunseni mwaulemu kuti, achimwene, makampani amene mumawaimira ndi angati? Uphungu wopanda malonda umapezeka ku SHIP, ofesi yaulere imene ili m'boma lililonse, ngakhale maina amasiyana: ku California ndi HICAP, ku Florida ndi SHINE. Pezani tsiku msanga, chifukwa Novembala akamatha malo amakhala atadzaza. Nambala ya 1-800-MEDICARE imayankha usana ndi usiku. Ngati inu ndi amene mumalankhulira kholo lanu, akhale pambali panu kuti avomereze ndi mawu awo, kapena lembani fomu ya CMS-10106 kuti muzitha kuimba nokha.

Kusamuka kwenikweniko n'kosavuta. Mukalembetsa pulani yatsopano ya Advantage, yakale imadzitsekera yokha pa 31 Disembala, ndiye musaimbe foni yoithetsa. Chenjerani ndi chimodzi: mukalembetsa Part D yoima payokha muli pa HMO kapena PPO, mumachotsedwa pa Advantage n'kubwezedwa ku Original Medicare, kaya munafuna kapena ayi. Lembani nambala yotsimikizira kulembetsa, tsiku, ndi dzina la amene munalankhula naye. M'Disembala tengani mankhwala omaliza pa pulani yakale, kuti Januwale akupezeni muli ndi a milungu ingapo pamene zilolezo zatsopano zikuyenda.

Mukaona m'Januwale kuti mwaponda molakwika, amene ali pa Advantage ali ndi mwayi wina umodzi kuyambira pa 1 Januwale mpaka pa 31 Malichi, wosamukira ku Advantage ina kapena kubwerera ku Original Medicare n'kutenga Part D. Kusinthaku kumayamba tsiku loyamba la mwezi wotsatira. Mwayi umenewu ndi umene unapulumutsa amalume chaka chija. Tinawasamutsa m'Febuluwale, ndipo pa 1 Malichi anatenga mankhwala awo pamtengo wakale. Dokotala wa maso yekha ndi amene tinamutaya, chifukwa sanali m'gulu la pulani yatsopano. Tikiti ya ku Chileka chaka chimenecho tinaidula kuti achoke pa 20 Epulo n'kubwerera pa 5 Okutobala, envelopu yatsopano ikuwadikira patebulo.