Dzina lenileni la mankhwala a mtima ndi lija lolembedwa ting'onoting'ono

Mayi anga aang'ono akhala akumwa mankhwala a BP kwa zaka ndithu, nde tsiku lina ndinawapeza atakhala phee pa mpando akuti akangoimirira dziko likuzungulira, mapazi atatupa mpaka nsapato kukana kulowa. Nditawapempha kuti andionetse zomwe akumwa anatulutsa mabokosi awiri, lina loyera lina la buluu, mayina akuluakulu apamwamba osiyana, ndipo iwo mumtima mwawo ankadziwa kuti ndi mankhwala awiri, ena a mmawa ena a madzulo. Koma nditayang'anitsitsa, pansi pa dzina lalikulu lija mabokosi onse awiri anali ndi timalemba tofanana: amlodipine 5 mg. Anali akumwa mankhwala omwewo kawiri tsiku lililonse kwa pafupifupi mwezi. Sikuti ndi munthu wosasamala ayi, kungoti palibe anawauzapo kuti dzina lalikulu lija ndi la kampani chabe.

Ndiye tiyambire pamenepo. Mankhwala ambiri amakhala ndi mayina awiri omwe mungawaone. Lina ndi la malonda, lomwe kampani yadzipangira yokha kuti likhale losavuta kutchula ndipo amalilemba mokongola pamwamba, monga Norvasc, Lasix, Tenormin, Lanoxin. Linalo ndi dzina lenileni la mankhwala omwe ali mu piritsimo, achipatala amati generic, ndipo ili nthawi zambiri silisintha ngakhale mutagula kudziko liti kaya yapanga kampani iti. Norvasc ndi amlodipine, Lasix ndi furosemide, Tenormin ndi atenolol, Lanoxin ndi digoxin. Bungwe la WHO ndilo limayang'anira mayina amenewa, amawatchula INN, ndipo mndandanda woyamba unatuluka mu 1953. Choncho ntchito yanu yoyamba mukalandira bokosi kapena kapepala ka mapiritsi ndi kufufuza dzina la generic, nthawi zambiri limakhala pansi pa dzina la malonda kapena kuseri kwa kapepala konyezimira kaja, pafupi ndi nambala ya ma mg. Ngati maso akuvuta jambulani ndi foni muikulitse, palibe manyazi apa.

Chachiwiri, mukalipeza yang'anani kumchira kwake. Apa mpamene pali nkhani yonse, chifukwa mayinawa sanangowatola panjira, mankhwala ogwira ntchito mofanana amawapatsa mathero ofanana ngati ana a bambo mmodzi.

Othera ndi -olol monga atenolol, metoprolol, bisoprolol ndi propranolol ndi banja la ma beta blocker, ntchito yawo ndi kuletsa adrenaline kuti asamathamangitse mtima, nde mtima umagunda pang'onopang'ono komanso mopanda kudzipanikiza. Carvedilol ndi labetalol mchira wawo wapindika pang'ono koma ndi abale omwewo. Propranolol anatulukira ndi James Black m'zaka za m'ma 1960 ndipo bamboyu analandira mphoto ya Nobel mu 1988. Chomwe ndikufuna mugwire pa banja ili ndi chakuti simusiya mwadzidzidzi, olo mukumva bwino bwanji, chifukwa mtima womwe unazolowera kugwiridwa ukangomasulidwa kamodzi umatha kuthamanga moopsa mpaka kubweretsa ululu wa pachifuwa. Komanso ngati muli ndi mphumu auzeni adokotala asanakulembereni, ndipo a shuga adziwe kuti mankhwalawa amatha kubisa zizindikiro zina za kutsika kwa shuga monga mtima kugunda mwachangu.

Othera ndi -pril, kunena enalapril, lisinopril, captopril, ramipril, perindopril, awa ndi ma ACE inhibitor, amamasula mitsempha ya magazi kuti isamafinyike. Captopril yemwe anali woyamba kumwedwa ngati piritsi anavomerezedwa ku America mu 1981, ndipo nzeru yake inachokera pa kafukufuku wa ululu wa njoka ina ya ku Brazil yotchedwa jararaca, yomwe ikaluma munthu BP imagwa pansi. Anthu ena akamamwa -pril amayamba kachifuwa kouma kokanda pakhosi kosatha, usiku osagona, nde amangogula mankhwala a chifuwa mwezi ndi mwezi osadziwa kuti gwero lake ndi piritsi la BP lija. Mukauza adokotala kawirikawiri amakusinthirani kupita ku banja la -sartan, monga losartan, valsartan, telmisartan kapena candesartan, lomwe limagwira ntchito pa njira yomweyo koma silimabweretsa chifuwa kwenikweni. Mabanja awiriwa sapatsidwa kwa mayi woyembekezera chifukwa amavulaza mwana m'mimba, ndipo nthawi zambiri samwedwa pamodzi, choncho mukaona -pril ndi -sartan onse ali m'thumba mwanu funsani musanamwe, mwina winayo anayenera kusiyidwa pomwe anakusinthirani. Milomo, lilime kapena nkhope ikatupa mukumwa -pril, imeneyo si yodikira mawa, thamangani kuchipatala.

A -dipine, amlodipine ndi nifedipine, amatsekereza calcium kulowa mu timinofu ta mitsempha kuti mitsemphayo itakasuke, ndipo ndi omwe amakonda kutupitsa akakolo ngati zinachitikira mayi anga aja. Furosemide ndi hydrochlorothiazide ndi okodzetsa, amachotsa madzi ndi mchere wochuluka m'thupi, nchifukwa chake amati mumwe mmawa osati pogona. M'mabuku akale a ku Britain furosemide ankamulemba frusemide, ndi yemweyo. A mafuta a m'magazi amathera ndi -vastatin, atorvastatin, simvastatin, rosuvastatin, koma samalani, nystatin amamveka ngati mbale wawo pomwe iye ndi wa mafangasi, sakhudzana ndi mtima olo pang'ono. Mchira umathandiza koma muziuwerenga wonse.

Pali ena omwe mayina awo ndi akale kuposa dongosolo la michirali. Warfarin, woletsa magazi kuundana, dzina lake linachokera ku zilembo zoyamba za Wisconsin Alumni Research Foundation nkuwonjezera -arin wa coumarin, kemikolo ina yopezeka mu zomera, ndipo anayamba kugulitsidwa mu 1948 ngati poizoni wa makoswe asanavomerezedwe kwa anthu mu 1954. Musachite naye mantha chifukwa cha mbiri imeneyi, wapulumutsa anthu ambiri ku sitiroko, koma mumvetse chifukwa chake amakuyezani magazi pafupipafupi kuona INR, muyezo wosonyeza nthawi yomwe magazi akutenga kuti aundane, chifukwa mulingo wa warfarin ukangopitirira pang'ono munthu amatha kutaya magazi. Digoxin naye dzina lake likuchokera ku chomera chotchedwa Digitalis, chomwe dokotala wa ku England William Withering analemba za mphamvu yake pa matenda otupa thupi mu 1785.

Tsopano chachitatu, ndipo apa ndi pomwe anthu ophunzira omwe amapunthwa. Nthawi zina dzina la generic limakhala ndi mawu achiwiri kutsogolo kwake, monga amlodipine besylate kapena enalapril maleate. Mawu achiwiriwo akunena za kanthu komwe anamangirira ku mankhwalawo kuti akhazikike nkukhala piritsi, ndipo pa amlodipine sizisintha kanthu, besylate kaya maleate 5 mg ndi 5 mg basi. Koma pa metoprolol nkhani ndi ina. Metoprolol tartrate amasungunuka msanga nkutha msanga, nde kawirikawiri amamwedwa kawiri patsiku, pomwe metoprolol succinate anapangidwa kuti azituluka pang'onopang'ono tsiku lonse, amamwedwa kamodzi, ndipo ndi yemwe adokotala amasankha kwa munthu wa mtima wofooka. Mukasinthanitsa awiriwa mwakufuna kwanu mukhoza kukhala theka la tsiku opanda mankhwala m'thupi kapena kukhala nawo ochuluka. Perindopril nayenso ali choncho, perindopril arginine 5 mg ndi ofanana mphamvu ndi perindopril erbumine 4 mg, nde munthu akaona nambala yasintha amaganiza kuti amuwonjezera pomwe ayi. Lamulo langa ine ndi lakuti mawu achiwiriwo akasintha pa bokosi latsopano, funsani wa ku famase musanachoke pa windo.

Kenako pali tizilembo tija tomwe timabwera kumapeto, SR, MR, XL, ER, LA, Retard. Tonseti tikutanthauza kuti piritsilo linapangidwa kuti lizitulutsa mankhwala pang'onopang'ono, choncho osalitafuna, osalisinja, osaliphwanya pokhapokha akuuzani kuti ili limatheka kudula pa kamzere kake. Ndikudziwa kuti agogo ambiri amavutika kumeza nde ana awo mwachikondi amawasinjira pa sipuni, koma mukasinja nifedipine wa mtundu umenewu mankhwala a tsiku lonse amalowa nthawi imodzi ndipo BP imatha kugwa moopsa. Ngati kumeza kukuvuta nenani, pali mitundu ina yomwe angakupatseni. Mukaonanso mawu ngati Plus, HCT kapena Co- pa dzina la malonda, nthawi zambiri ndiye kuti mu piritsi limodzimo muli mankhwala awiri, mwachitsanzo losartan ndi hydrochlorothiazide, nde werengani mayina onse awiri kuti musapezeke mukumwanso wachiwiriyo payekha.

Nambala nayo muziiwerenga ndi zilembo zake. Ambiri amalembedwa mu mg, koma digoxin amabwera mu ma microgram, mcg, ndipo 1 mg ndi 1000 mcg, kutanthauza kuti 250 mcg ndi 0.25 mg ndi chinthu chimodzi, 125 mcg ndi 0.125 mg chimodzimodzi. Digoxin ndi mankhwala oti mpata pakati pa kuchiza ndi kuvulaza ndi wochepa kwambiri, akachuluka munthu amachita nseru, kusanza, kusokonezeka mutu, ena kuona zinthu zachikasu. Pa pepala la adokotala mudzaonanso od kutanthauza kamodzi patsiku, bd kawiri, tds katatu, nocte usiku pogona, prn pokhapokha pakafunika.

Prn ameneyu mudzamuona kwambiri pa kamankhwala koika pansi pa lilime ululu wa pachifuwa ukayamba. Ku America amati nitroglycerin, ku Britain ndi mayiko ena ambiri amati glyceryl trinitrate kapena GTN, mayina awiri mankhwala amodzi, ndipo ndi zomwezija Alfred Nobel ankapangira dynamite. Abale ake ndi isosorbide mononitrate ndi isosorbide dinitrate. Abambo ndikupempheni, mukaona nitrate kapena nitro pa dzina la mankhwala anu musayerekeze kumwa sildenafil, uja amadziwika kuti Viagra, kapena tadalafil, chifukwa akakumana m'thupi BP imagwa mpaka munthu kukomoka kapena kufa kumene. Ndikudziwa ndi nkhani yovuta kuiyamba pamaso pa dokotala koma iyambeni basi. Ndipo ululu wa pachifuwa ukapanda kuchoka mutaika kamankhwalako, musamangowonjezera muli kunyumba, pezani thandizo msanga.

Mayina ena amafanana moti olo anamwino amatha kuphonya, hydralazine ndi wa BP pomwe hydroxyzine ndi wa ziwengo ndi kuyabwa, nchifukwa chake m'zipatala zina amawalemba hydrALAZINE ndi hydrOXYzine kuti kusiyana kuonekere. Nde musamatchule dzina pakamwa pokha pa foni, litumizeni lolemba kapena chithunzi cha bokosi.

Chomwe tinachita ndi mayi anga aang'ono chinali chophweka. Tinapita nawo kuchipatala ndi mabokosi onse m'thumba, adokotala anawayeza nkuwauza kuti azimwa piritsi limodzi lokha, ndipo patapita masiku angapo chizungulire chija chinatha, mapazi anaphwa pang'onopang'ono. Titabwerako ndinatenga kapepala kolimba nkulemba ndi zilembo zikuluzikulu dzina la generic, ma mg ake, nthawi yomwera ndi ntchito yake m'mawu awoawo, "amlodipine 5 mg, mmawa, wa BP", pansi pake "atorvastatin 20 mg, usiku, wa mafuta", ndipo ndinaonjezanso ma aspirin ndi mankhwala a ululu omwe amagula okha chifukwa ena monga ibuprofen ndi diclofenac amakweza BP komanso sagwirizana ndi warfarin. Kapepalako kamakhala m'chikwama chawo, chithunzi chake chili mu foni yanga ndi ya mwana wawo wamkulu, ndipo bokosi latsopano likabwera, kaya ndi lofiira kaya lobiriwira, amayamba alitembenuza nkufananiza timalemba tija ndi kapepala kawo asanatsegule.