Mmene ndinakonzera slime yomwe inkamata m'manja

Nditapanga slime (choseweretsa chofewa ndi chotambasuka chopangidwa ndi guluu) ndi ana anga kwa nthawi yoyamba, inakhala yamadzimadzi ndipo inkamata m'zala moti sinkatheka kuikoka. Ndinayesa kuwonjezera guluu, kenako ndinaiika mufiriji, koma palibe chomwe chinasintha. Nditathira madzi ambiri a borax (ufa woyera wochapira) nthawi imodzi, inalimba ngati mphira n'kumaduka.

Choyamba chinali kusankha guluu woyenera. Slime imagwirana pokhapokha guluuyo akhale ndi PVA (mankhwala amene amachititsa guluu kumata), chifukwa borax ndi amene amalumikiza tinthu ta PVA kuti tizitambasuka, choncho ndinagula guluu woyera wa kusukulu wolembedwa PVA pa botolo.

Kenako ndinasungunula supuni yaing'ono imodzi ya borax m'kapu imodzi ya madzi ofunda mpaka timibulu tonse titatha. M'mbale ina ndinasakaniza theka la kapu ya guluu ndi madzi ofanana nawo. Chimene chinathandiza kwambiri chinali kuthira madzi a borax supuni imodzi yokha, kutakasa bwino, n'kuyembekezera ndisanathirenso. Itayamba kuchoka m'mbali mwa mbale ndinasiya kuthira, ngakhale inali ikumatabe, ndipo ndinaikanda ndi manja kwa mphindi 5. Ana amatopa msanga pamenepa n'kupempha borax wina, koma kukandako n'kumene kumathetsa kumata.

Borax ndimasungunula ndekha, ndipo ana amasamba m'manja akamaliza kusewera ndiponso saika slime mkamwa. Yomwe inagwera pa malaya inachoka nditathirapo viniga.