Ngongole ya nyumba: werengani zaka musanasaine

Banja lina linabwera kudzandiona litanyamula envulopu ya khaki, m'kati mwake muli kalata ya ku banki. Anali atatopa ndi lendi, ndipo banki inali itavomera kuwabwereka K20 miliyoni kuti agule nyumba ya zipinda zitatu, kubweza kwa zaka 15, chiwongola dzanja chake 25 peresenti pa chaka. Bambo aja anali atawerengera kale.

"Alangizi, pa mwezi azidula K427,000. Tikaphatikiza malipiro anga ndi za ku shopu kwa mayiwa, titha."

Ndinawafunsa ngati anachulukitsa ndalamayo ndi miyezi yonse ya ngongole. Mayi anatulutsa foni, nalemba 427,000, nachulukitsa ndi 180. Anayang'ana kanthawi, kenaka anapatsira amuna awo foniyo osanena kanthu. Inkaonetsa ndalama yoyandikira K77 miliyoni.

Banki sinawanamize, ndipo zonse zinali m'kalatamo. Vuto ndi lakuti ambirife tikamva za mortgage, ngongole yogulira nyumba imene chikole chake ndi nyumbayo, diso limathamangira pa ndalama ya pa mwezi chifukwa ndi imene imafanana ndi lendi imene tinazolowera. Koma mtengo weniweni wa nyumba ya ngongole ndi ndalama zonse zimene zidzatuluke m'thumba mwanu kuyambira tsiku losaina mpaka tsiku limene banki idzakubwezereni chikalata cha malo. Pa chitsanzo chathuchi, K20 miliyoni ndi ya nyumba, ndipo pafupifupi K57 miliyoni ndi chiwongola dzanja chokha.

Kumene ndalama ya mwezi woyamba imapita

Pano ndikufuna tidekhe, chifukwa ndi pamene anthu ambiri amadzadabwa patapita zaka. Banki imawerengera chiwongola dzanja pa ngongole imene yatsala mwezi umenewo. Mwezi woyamba ngongole imakhala yonse, K20 miliyoni. Tengani 25 peresenti ya ndalamayo, mupeza K5 miliyoni pa chaka, ndipo mukaigawa pa miyezi 12 mupeza K416,667. Choncho pa K427,000 imene adula mwezi woyamba, pafupifupi K416,700 ndi chiwongola dzanja, ndipo imene yachepetsa ngongole yeniyeni ndi K10,400 yokha basi.

Mwezi wachiwiri zimasintha pang'ono kwambiri. Wachitatu chimodzimodzi. Pakutha pa zaka 5 mudzakhala mutapereka ndalama zoposa K25 miliyoni, kuposa zimene munabwereka, koma mukapempha sitetimenti mudzapeza kuti mukadali ndi ngongole ya pafupifupi K18.8 miliyoni. Ndaonapo bambo wamkulu atagwira pepala lotere manja akunjenjemera, akuti pali wina wawabera. Palibe anaba. Ndi mmene ngongole yamtunduwu imayendera: zaka zoyambirira mumadyetsa chiwongola dzanja, ngongole yeniyeni imayamba kutsika msanga kumapeto. Pa ngongole ya zaka 15 imeneyi, theka la ndalama imene munabwereka limakhala lisanabwezedwe mpaka mutadutsa chaka cha 12.

N'chifukwa chake munthu amene akuganiza zodzagulitsa nyumbayo pakapita zaka zitatu kapena zinayi ayenera kudziwa kuti banki idzayamba yatenga pafupifupi ndalama yonse imene inamubwereka. Chake chidzakhala ndalama imene anaika yekha poyambira ndi chimene nyumbayo yakwera mtengo basi.

Zaka ndi zimene zimadya

Munthu akaona kuti ndalama ya pa mwezi yamulemera, amapempha kuti amuwonjezere zaka. Zimamveka zanzeru, koma chiwongola dzanja chikakhala chokwera ngati cha kuno kwathu, kuwonjezera zaka sikupepuza katundu kwenikweni. Taonani ngongole yomweyi ya K20 miliyoni pa 25 peresenti. Mukaibweza kwa zaka 10, pa mwezi muzipereka pafupifupi K455,000, ndipo zonse pamodzi zidzakwana K54.6 miliyoni. Kwa zaka 15 ndi K427,000 pa mwezi, zonse pamodzi K76.9 miliyoni. Kwa zaka 20 ndi pafupifupi K420,000 pa mwezi, zonse pamodzi kupitirira K100 miliyoni.

Bwererani pa manambalawo kachiwiri. Kuchoka pa zaka 15 kufika pa zaka 20 mwapulumutsa K7,500 yokha pa mwezi, ndalama yosakwana n'komwe thumba la simenti, koma mwadziwonjezera pafupifupi K24 miliyoni. Kuchoka pa zaka 15 kutsikira pa zaka 10 mukuwonjezera K28,000 pa mwezi, n'kupulumutsa zoposa K22 miliyoni. Ine ndikamalangiza, apa sindizengereza: sankhani zaka zochepa zimene mungakwanitse popanda kugona ndi njala. M'maiko amene chiwongola dzanja chake n'chotsika, monga ku Britain kumene abale athu ena amagula nyumba pa ngongole ya zaka 25, nthawi yaitali imachepetsadi ndalama ya pa mwezi moonekera. Malangizo a kumeneko musawatengere kuno osayamba mwawerengera.

Chiwongola dzanja sichikhala malo amodzi

Manambala onsewa ndawerengera ngati kuti 25 peresenti idzakhala yomweyo mpaka kumapeto. Ngongole zambiri za m'mabanki athu sizili choncho. Chiwongola dzanja chake chimatsatira mlingo umene amautcha reference rate, ndipo banki imawonjezerapo gawo lake pamwamba. Mlingowu umayenda motsatana ndi policy rate, mlingo wa chiwongola dzanja umene imaika banki yaikulu ya dziko lino, Reserve Bank of Malawi. Mu 2021 policy rate inali 12 peresenti. Mu 2022 inakwera kufika 14, kenaka 18. Mu 2023 inafika 22, kenaka 24, ndipo mu February 2024 inafika 26 peresenti. Mkati mwa nthawi yomweyo ndalama ya kwacha inatsitsidwa mphamvu kawiri, ndi 25 peresenti mu May 2022 ndi 44 peresenti mu November 2023.

Ganizirani munthu amene anabwereka K20 miliyoni kwa zaka 15 chiwongola dzanja chili pa 15 peresenti. Ankapereka pafupifupi K280,000 pa mwezi. Chitakwera kufika 25 peresenti ngongole ikadali yaiwisi, ndalama ya pa mwezi inadumpha kupitirira K400,000, nyumba ili yomweyo, malipiro mwina ali omwewo, pamene ufa, mafuta ndi fizi za ana nazo zakwera. Chikatsika, inunso mumapepukidwa, zimenezo n'zoona. Koma musanasaine funsani kuti akuwerengereni ndalama ya pa mwezi chiwongola dzanja chitakwera ndi 5 peresenti. Ngati nambala imeneyo ikukuposani mphamvu, ndiye kuti ngongoleyo yakula, bwerekani yocheperapo.

Pali anthu amene amanena kuti kukwera mitengo kwa zinthu kumathandiza wangongole, popeza K427,000 ya lero sidzakhala yolemera chimodzimodzi pakapita zaka 10, ndipo nyumba imakwera mtengo. Mfundoyi ili ndi choonadi chake ndipo sindiitaya. Koma imagwira ntchito kwa munthu amene malipiro kapena phindu la bizinesi yake likukwera limodzi ndi mitengo. Amene malipiro ake aima, zaka zitatu zoyambirira zikhoza kumugwetsa asanafike pokolola ubwino umenewo.

Ndalama zimene sizioneka pa tsamba loyamba

Walira mvula walira matope. Banki kawirikawiri sipereka mtengo wonse wa nyumba, gawo lina mumayamba mwaika nokha. Pamwamba pake pali ndalama yoyendetsera ngongole imene banki imadula poyambirira, ndalama ya katswiri woyeza mtengo wa nyumba, ya loya wosintha umwini ndi kulembetsa chikole ku ofesi ya za malo, komanso msonkho wa boma wa stamp duty. Zonsezi zimafunika nthawi imodzi, musanalowe n'komwe m'nyumbamo. Ena amapempha kuti ndalamazi ziphatikizidwe ku ngongole. Dziwani kuti mukatero nazonso zimabala chiwongola dzanja kwa zaka zonsezo: K1 miliyoni yowonjezera pa ngongole ya zaka 15 pa 25 peresenti mudzaibweza ngati K3.8 miliyoni.

Kenaka pali zolipira chaka ndi chaka. Inshulansi ya nyumba, yoteteza ku moto ndi ngozi zina, banki imaifuna chifukwa nyumbayo ndi chikole chake. Inshulansi ya moyo wa wobwereka nayo imafunika, ndipo iyi ndikupemphani musaione ngati chipsinjo. Ndi imene imatseka ngongole mwini akamwalira, kuti mayi wamasiye ndi ana asatulutsidwe m'nyumba maliro asanazizire. Funsani kuti ikuteteza ndani. Ngati nonse awiri mukuthandizana kubweza koma inshulansi yalembedwa pa dzina la mmodzi, winayo akatsogola wotsalayo adzasenza yekha. Onaninso ngati ikuthandiza munthu akalumala kapena ntchito ikatha, chifukwa si zonse zimene zimatero.

Mukakhala mwini nyumba mu mzinda, khonsolo imafuna msonkho wake wa nyumba, ndipo ngati malowo ndi a lizi, pali lendi ya nthaka yopita kwa mwini malo, kaya ndi boma kapena Malawi Housing Corporation. Denga likadontha, mpope ukaphulika, chimbudzi chikadzadza, kulibenso landilodi womuimbira foni.

Za chikalata cha malo ndinene mwachidule: banki siilandira kalata ya amfumu ngati chikole cha mortgage, imafuna chikalata cholembetsedwa ku boma. Pitani nokha kapena tumani loya wanu akafufuze ku ofesi ya za malo ngati wogulitsayo alidi mwini wake, ngati nyumbayo sinaikidwe kale chikole kwina, ndi zaka zimene zatsala pa lizi.

Zimene mungachite kuti mtengo utsike

Pemphani ndandanda wa kabwezedwe musanasaine, pepala loonetsa mwezi uliwonse kuti chiwongola dzanja ndi zingati, zochepetsa ngongole ndi zingati, ndipo yatsala ndi zingati. Mbewa ya manyazi inafera ku una. Funsani mpaka mumvetse, ndipo pepalalo mupite nalo kunyumba mukaliwerenge ndi akunyumba kwanu usiku ana atagona. Pitani ku mabanki awiri kapena atatu, ndipo poyerekeza musamangoona peresenti yokha, funsani ndalama zonse zimene mudzakhale mutapereka pomaliza, kuphatikizapo zodula zonse.

Chida champhamvu kwambiri chimene muli nacho ndi kuwonjezera pa ndalama ya pa mwezi, makamaka zaka zoyambirira. Popeza mwezi woyamba ngongole imatsika ndi K10,400 yokha, mukawonjezera K50,000 mwaitsitsa kuposa kasanu. Mukamachita zimenezi mwezi ndi mwezi, ngongole ya zaka 15 ija imatha pa zaka 8 ndi miyezi yowerengeka, ndipo zonse zimene mwapereka zimakhala pafupifupi K48 miliyoni m'malo mwa K77 miliyoni. Bonasi ya pa Khirisimasi, ndalama ya soya kapena mtedza mukagulitsa, chipereganyu chikakugwerani, zonsezi zikalowa ku ngongole msanga zimagwira ntchito yaikulu kuposa zikadzalowa chaka cha 10. Koma yambani mwafunsa zinthu ziwiri. Kodi pali chindapusa munthu akabweza msanga? Nanga ndalama yowonjezerayo aichotsa pa ngongole yeniyeni, kapena angoisunga ngati malipiro a mwezi wamawa? Yankho lake likhale lolembedwa.

Chimene ndimaletsa ndi mtima wonse ndi kutenga katapila kapena ngongole ya ku banki m'khonde kuti mutseke mwezi wa mortgage. Chiwongola dzanja cha kumeneko chimawerengedwa pa mwezi, osati pa chaka, ndipo dzenje limangokula. Mukaona kuti mwezi ukubwerawu simukwanitsa, pitani ku banki tsiku lodula lisanafike mukakambirane. Mukangokhala chete pamabwera chindapusa, dzina lanu limapita ku mabungwe osunga mbiri ya angongole, ndipo pamapeto pake banki ili ndi mphamvu yogulitsa nyumbayo. Ikagulitsidwa pa mtengo wosakwana ngongole ndi zolipira zonse, yotsalayo idzakhalabe pa khosi panu.

Kodi ndiye kuti ngongole ya nyumba ndi yoipa? Ayi. Kwa banja la ndalama yodalirika mwezi ndi mwezi, limene likulipira kale lendi yokwera, ikhoza kukhala njira yabwino, makamaka ikakhala yaing'ono ndi ya zaka zochepa. Anthu ambiri ku Area 25, ku Chileka kapena ku Luwinga anamanga pang'onopang'ono, chaka chino maziko, chaka chamawa zipupa, osakongola ku banki, ngakhale kuti nayo njira imeneyi ili ndi mtengo wake, chifukwa simenti ndi malata zimakwera uku mukulipirabe lendi. Ena amaphatikiza ziwirizi: amamanga ndi ndalama zawo mpaka pa lintala, n'kubwereka zochepa zofolerera ndi kumalizitsa.

Banja lija linabwereranso patatha milungu itatu. Anali atapeza nyumba yocheperako, atagulitsa kagalimoto kawo kuti awonjezere ndalama yoyambira, ndipo ankafuna kubwereka K12 miliyoni kwa zaka 10. Tinawerengera limodzi pa foni ya mayi ija: pafupifupi K273,000 pa mwezi, zonse pamodzi K32.8 miliyoni. Bambo anafunsa kuti nanga chiwongola dzanja chikafika 30 peresenti zidzakhala bwanji, ndipo tinapeza pafupifupi K316,000. Mayi analemba manambala onse awiri kuseri kwa envulopu ya khaki ija, nati akakambirana kaye kunyumba asanapite kukasaina.